Malangizo kwa amene akufuna kukaona aurora usiku ku Tromsø ndi wotsogolera alendo

Kuwala kwa aurora, kumene ambiri amakutcha kuwala kwa kumpoto, kumaoneka usiku m'mayiko oyandikana ndi nsonga ya kumpoto ya dziko lapansi, ndipo chaka ndi chaka anthu ochuluka amawononga ndalama zambiri kuti akakuone ndi maso awo. Malangizo ano akunena za mzinda wa Tromsø kumpoto kwa dziko la Norway, umene uli pa mtunda wa makilomita pafupifupi 350 kupitirira mzere wa Arctic Circle, umene ndi malire a dera la kumpoto kwenikweni kwa dziko lapansi, chifukwa kumeneko kuli makampani ambiri otenga alendo usiku ndiponso ndege zimafikako mosavuta poyerekeza ndi malo ena otere. Zambiri mwa zimene zalembedwa pano zingathandizenso munthu amene wasankha Abisko ku Sweden, Rovaniemi ku Finland, Reykjavik ku Iceland, Fairbanks ku Alaska kapena Yellowknife ku Canada.

Musanalipire ngakhale tambala imodzi, sungani mfundo iyi: ku Tromsø aurora imakhalapo kumwamba masiku ambiri a nyengo ya mdima, ndipo chimene chimalepheretsa alendo kuiona kawirikawiri ndi mitambo. Wotsogolera alendo alibe mphamvu pa aurora. Luso lake lagona pa kuwerenga zanyengo, kudziwa zigwa ndi magombe kumene mitambo imayamba kung'ambika, ndi kukufikitsani kumeneko bwinobwino pa misewu yoterera ndi ayezi. Mwezi umene musankhe, kampani imene mulembetse, ngakhale zovala zimene munyamule, zonse zichokere pa mfundo imeneyi.

Dziwani kaye chimene mukupita kukaona

Dzuwa limatulutsa nthawi zonse tizidutswa ting'onoting'ono tokhala ndi mphamvu ya magetsi, timene timayenda pa liwiro la makilomita pafupifupi 400 pa sekondi imodzi. Mphamvu ya maginito ya dziko lapansi imatchinga tambiri mwa tizidutswati, koma tina timatsetserekera cha ku nsonga ziwiri za dziko, kumene timagundana ndi mpweya wa okosijeni ndi wa nayitrojeni pa mtunda wa makilomita 100 mpaka 300 kuchokera pansi. Mpweyawo ukagundidwa umawala. Okosijeni ndi amene amatulutsa mtundu wobiriwira umene umaoneka kawirikawiri, komanso wofiira pamwamba pa makilomita 200, pamene nayitrojeni amatulutsa buluu ndi pepo m'mphepete mwa m'munsi kuwalako kukakula mphamvu. Katswiri wa ku Norway komweko, Kristian Birkeland, amene anamanga malo ofufuzira aurora pa phiri la Haldde pafupi ndi Alta mu 1899, ndi mmodzi mwa oyamba kufotokoza kuti gwero la zonsezi ndi dzuwa. Phindu la kudziwa zimenezi kwa mlendo ndi lakuti aurora imachitikira kutali kwambiri pamwamba pa mitambo yonse, kotero mtambo wochindikala ukaphimba thambo palibe chimene mungaone, ngakhale kumwambako kuyake chotani.

Aurora siimwazika paliponse. Imazungulira nsonga ya maginito ya dziko ngati lamba, ndipo Tromsø ili pansi pa lamba ameneyu. N'chifukwa chake simuyenera kuda nkhawa kwambiri ndi nambala ya Kp imene mapulogalamu a pafoni amaonetsa. Nambalayi imayambira pa 0 mpaka 9 ndipo imayeza kusokonezeka kwa maginito a dziko lonse. Ndi yofunika kwa munthu amene ali ku Scotland kapena kum'mwera kwa Norway, amene amadikira kuti lamba uja akule ndi kumufikira, koma ku Tromsø Kp ya 1 kapena 2 imakwanira thambo likakhala loyera. N'chimodzimodzinso ndi mphamvu ya dzuwa, imene imakwera ndi kutsika pa zaka pafupifupi 11 zilizonse. Mabungwe a zasayansi a boma la America, NASA ndi NOAA, analengeza mu Okutobala 2024 kuti dzuwa lafika pa nyengo ya mphamvu yake yaikulu, ndipo mu Meyi chaka chomwecho maginito a dziko anasokonezeka kwambiri moti aurora ya ku nsonga ya kum'mwera inaoneka mpaka m'madera ena a gombe la South Africa. Zaka zotere zimachulukitsa usiku wa kuwala kwamphamvu, koma ngakhale mphamvu ya dzuwa itsike aurora siisowa ku Tromsø.

Sankhani mwezi, ndipo musadalire usiku umodzi

Kuyambira chakumapeto kwa Meyi mpaka chakumapeto kwa Julayi dzuwa sililowa konse ku Tromsø, ndipo milungu yoyandikana ndi nyengo imeneyi usiku sikuda mokwanira, kotero nthawi yoonera aurora imayamba mu Sepitembala n'kutha kumayambiriro kwa Epulo. Mu Sepitembala ndi Okutobala sikuzizira kwambiri, nyanja zing'onozing'ono zimakhala zisanaundane ndipo kuwalako kumaonekeranso m'madzi, koma mvula imagwa kawirikawiri, makamaka mu Okutobala. Kuyambira pa 27 Novembala mpaka pa 15 Januwale dzuwa silituluka n'komwe. Masana kumangoyera pang'ono kwa maola ochepa, ndipo pa nyengo ya Khirisimasi mitengo ya malo ogona imakwera. Kwa munthu amene akupita koyamba ine ndingalangize Febuluwale kapena Malichi, chifukwa chipale chofewa chimakhala chitayala paliponse, masana amakhalapo oti n'kuona mzinda ndi mapiri, ndipo akatswiri anapeza kale kuti maginito a dziko amasokonezeka kawirikawiri chakumapeto kwa Malichi ndi kwa Sepitembala, pamene usana ndi usiku zimalingana kutalika.

Yang'ananinso mmene mwezi wa kumwamba udzakhalire. Ukakhala wathunthu umaphimba aurora yofooka, ngakhale kuti yamphamvu imaonekabe, ndipo ojambula ena amaukonda chifukwa umaunikira mapiri. Ngati mungathe sankhani masiku a mdima, koma musagule tikiti yodula chifukwa cha mwezi wokha.

Chofunika kuposa zonsezi ndi kuchuluka kwa masiku. Tromsø ili m'mphepete mwa nyanja yaikulu, nyengo yake imasinthasintha, ndipo mitambo ikhoza kuphimba dera lonse masiku awiri kapena atatu osasuntha. Konzani kugonako masiku anayi kapena kuposerapo, ndipo lembetsani ulendo wanu pa usiku woyamba kapena wachiwiri, osati womaliza, kuti mukalephera kuona mukhale ndi mpata woyesanso. Munthu wochokera kutali ngati ku Lilongwe kapena ku Lusaka amene waika chiyembekezo chake chonse pa usiku umodzi akuchita juga ndi ndalama za tikiti yake.

Viza ndi ndege

Norway si membala wa European Union koma ili m'gulu la mayiko a Schengen, amene amagwiritsa ntchito viza imodzi, choncho okhala ndi pasipoti ya Malawi, Zambia, Mozambique, Zimbabwe kapena South Africa afunika viza ya Schengen. Zimenezi zikukhudzanso Amalawi okhala ku Britain amene alibe pasipoti ya dzikolo, chifukwa chilolezo chokhalira ku Britain sichilowetsa munthu m'mayiko a Schengen. Pempho la viza limalandiridwa kuyambira miyezi 6 ulendo usanachitike ndipo liyenera kuperekedwa kutatsala masiku osachepera 15. Yankho limatuluka kawirikawiri pa masiku 15, koma nthawi zina limatenga mpaka masiku 45, kotero ndi nzeru kupempha msanga. Kuyambira mu Juni 2024 viza ya munthu wamkulu ndi mayuro 90, ndipo mufunika inshuwalansi ya zaumoyo ya ndalama zosachepera mayuro 30,000, pamodzi ndi umboni wa malo ogona, wa tikiti yobwerera ndi wa ndalama zodzisamalira. Norway ili ndi ofesi ya kazembe ku Lilongwe, ndipo pa tsamba lake la pa intaneti komanso la UDI, bungwe la boma loona za olowa m'dzikomo, mupeza kumene pempho likuperekedwa pa nthawi imene mukukonzekera. Viza yomweyo imakulolani kulowa ku Finland.

Kuchokera ku Malawi mudzadzera ku Addis Ababa, Nairobi kapena Johannesburg, kenako ku Ulaya mpaka ku Oslo, ndipo kuchoka ku Oslo kukafika ku Tromsø ndi maola pafupifupi awiri pa ndege. M'nyengo yozizira kumakhalanso ndege zochokera ku London zolunjika ku Tromsø. Siyani maola okwanira pakati pa ndege ndi ndege chifukwa chipale chofewa chimachedwetsa maulendo, ndipo ngati mukutera madzulo musalembetse ulendo wa aurora tsiku lomwelo. Ndalama ya Norway ndi krone, koma pafupifupi chilichonse chimalipiridwa ndi khadi, choncho dziwitsani banki yanu za ulendowu kuti khadi lisakatsekedwe muli kutali.

Kusankha kampani

Maulendo a aurora ku Tromsø ali a mitundu ingapo, ndipo mayina awo pa intaneti amafanana moti n'kosavuta kusokonezeka. Mabasi akuluakulu otenga anthu 40 kapena kuposerapo ndi otsikirapo mtengo ndipo ena amakhala ndi chimbudzi, koma amangoima pamalo otakasuka ndipo satembenuka msanga nyengo ikasintha. Pali makampu okhazikika, kumene mumakhala m'tenti yofunda kapena m'kanyumba n'kumadikira. Amenewa ndi abwino kwa okalamba ndi ana, koma mitambo ikaphimba kampuyo ndiye kuti zathera pomwepo. Maulendo a pa boti, a ngolo zokokedwa ndi agalu ndi okacheza kwa oweta nyama zooneka ngati agwape zotchedwa reindeer ndi osangalatsa paokha, koma kumeneko aurora imangobwera mwamwayi. Ngati chimene mwapitira ndi aurora, sankhani minibasi yotenga anthu 8 mpaka 16 imene imasakasaka thambo loyera kulikonse kumene lili. Mtengo wake nthawi zambiri umapitirira makrone 1,000 pa munthu mmodzi.

Kusakako kumayenda motere. Mphepo yochokera kunyanja imabwera ndi chinyezi chimene chimaunjikana pa gombe, koma mapiri ataliatali a Lyngen ndi ena oyandikana nawo amachitchinga, kotero mkati mwa dziko mumakhala mouma. Mudzi wa Skibotn umadziwika chifukwa cha thambo lake loyera, ndipo kuchokera pamenepo msewu wa E8 umakwera mpaka ku Kilpisjärvi m'dziko la Finland, makilomita pafupifupi 160 kuchokera ku Tromsø. Masiku ena zinthu zimatembenuka, gombe n'kukhala loyera, ndipo wotsogolera amalowera kumadzulo, ku chilumba cha Kvaløya kapena ku Sommarøy. Pachifukwa chimenechi funso loyamba kwa kampani iliyonse likhale lakuti amalolera kuyenda mtunda wautali bwanji, ndiponso ngati amawoloka malire kulowa ku Finland pakafunika kutero. Kampani imene imabwerera nthawi yoikika zivute zitani, kapena imene ili ndi malo awiri okha oimapo, siingakuthandizeni pa usiku wa mitambo.

Funsaninso kuchuluka kwa anthu m'galimoto, ngati amabwereketsa ovololo yofunda ndi jombo za saizi yanu, ngati zithunzi zimene wotsogolera amajambula zimaperekedwa ulere, chakudya chimene amapereka (makamaka ngati pali nyama imene simudya), msinkhu wa ana amene amaloledwa, ndi zimene zimachitika ulendo ukalephereka chifukwa cha namondwe. Mukaona mawu olonjeza kuti aurora mudzaiona ndithu, werengani bwino m'munsi mwake, chifukwa kawirikawiri amatanthauza kuti adzakutengani ulendo wachiwiri ulere kapena pa mtengo wotsika, osati kukubwezerani ndalama. Powerenga ndemanga za alendo akale, dumphani za anthu amene anapita thambo lili loyera, chifukwa usiku wotere aliyense amaoneka katswiri. Funani za amene anapita mzinda uli m'mitambo, muone ngati wotsogolera analimbikira mpaka pati.

Ena amaganiza zobwereka galimoto n'kudziyendetsa okha kuti apulumutse ndalama. Kwa munthu amene sanayendetsepo pa ayezi, sindingalimbikitse zimenezo. Ku Norway magalimoto amayenda kumanja, mosiyana ndi kwathu, misewu ya m'mphepete mwa nyanja ndi yopapatiza ndi yokhotakhota, nyama za reindeer ndi mphalapala zikuluzikulu za kumeneko zimawoloka mwadzidzidzi, ndipo dalaivala amene maso ake ali kumwamba ndi woopsa kwa iye mwini ndi kwa ena.

Zovala

Mumzinda wa Tromsø simuzizira monga mmene ambiri amaganizira, chifukwa madzi ofunda a nyanja ya Atlantic amafika mpaka kumeneko, ndipo mu Januwale nthawi zambiri kumakhala madigiri ochepa okha pansi pa ziro. Koma ulendo ukalowera mkati mwa dziko, cha ku Kilpisjärvi, kuzizira kumatha kufika madigiri 20 pansi pa ziro kapena kupitirira, ndipo mudzaimirira pamalo amodzi maola awiri kapena atatu. Amene akuyeza zimenezi ndi chisanu cha mwezi wa Juni ku Dedza adzanyamula zovala zosakwanira.

Valani mosanjikiza. Chapakhungu chikhale malaya a manja aatali ndi buluku lothina, zonse za ubweya wa nkhosa kapena za nsalu yopangidwira nyengo yozizira. Za thonje zisiyeni, chifukwa thonje limasunga thukuta ndipo likanyowa limakuzizitsani. Jinzi nayo ndi ya thonje. Pamwamba pake valani juzi yochindikala imodzi kapena ziwiri, kenako jekete ndi buluku zotchinga mphepo. Ovololo imene kampani imabwereketsa imavalidwa pamwamba pa zonsezi, siilowa m'malo mwake. Majuzi abwino a ubweya amapezeka pa kaunjika, bola muwerenge kachikwangwani ka mkati kuti mutsimikize nsalu yake, ndipo ku Tromsø kuli masitolo obwereketsa majekete ndi jombo kwa amene safuna kugula zinthu zodzavala sabata imodzi yokha.

Mapazi ndi manja ndi amene amayamba kugonja. Jombo zikhale zazikulupo kuti zala zizitha kugwedezeka muli mutavala masokosi awiri a ubweya, chifukwa nsapato yothina imatsekereza magazi ndipo phazi limazizira msanga ngakhale sokosi ikhale yodula. M'manja valani magolovesi opyapyala oti muzitha kugwira foni, ndipo pamwamba pake ochindikala amene zala zinayi zimakhalira pamodzi. Onjezani chipewa chophimba makutu, sikafu yofika pamphuno, ndi timapaketi totenthetsa manja timene timagulitsidwa m'masitolo a zamasewera. Ndolo zachitsulo muvule, tsitsi lisakhale lonyowa, ndipo milomo muipake mafuta chifukwa mpweya wa kumeneko umaumitsa khungu. Pa misewu ya mumzinda mudzafuna timisomali tomangirira kunsi kwa nsapato, timene eni dziko amatitcha brodder, ndi kachinthu konyezimira kopachika pa jekete kuti madalaivala azikuonani.

Tsiku la ulendo

Maulendo ambiri amanyamuka cha m'ma 6 kapena 7 koloko madzulo n'kubwerera pakati pa usiku kapena kupitirira, nthawi zina mpaka 3 koloko m'mawa, choncho gonaniko masana ndipo musakonze zodzuka m'mamawa tsiku lotsatira. Idyani chakudya chokhutitsa musananyamuke, chifukwa supu ndi chakumwa chotentha zimene amapereka kutchire zimabwera mochedwa. Mowa usamwedwe: umapangitsa munthu kumva kufunda pamene thupi likutaya kutentha. Ngati mumachita nseru pa galimoto imwani mankhwala ake nthawi idakalipo, ndipo pitani kuchimbudzi musanakwere komanso paliponse pamene galimoto yaima pomwetsera mafuta, chifukwa kumene mukupitako kulibe zimbudzi.

Mukhoza kuona zanyengo pa yr.no, tsamba la bungwe la zanyengo la Norway, koma musasinthe maganizo chifukwa chakuti mumzinda mukugwa chipale chofewa. Kuseri kwa mapiri kukhoza kukhala nyenyezi zokhazokha. Nyamulani pasipoti yanu yokhala ndi viza, popeza simudziwa ngati mudzagona mutapondako ku Finland. Dziwaninso kuti m'nyengo yozizira nthawi ya Norway imatsalira ndi ola limodzi pa ya Malawi, pamene ya Finland imafanana ndi ya Malawi, kotero foni yanu ikhoza kudumpha ola limodzi mukayandikira malire. Fikani pamalo okumanira mphindi 15 nthawi isanakwane. M'galimoto mangani lamba, monga lamulo la dzikolo likunenera, ndipo masulani jekete kuti musatuluke thukuta.

Mukafika pamalo

Maso a munthu amatenga mphindi 20 mpaka 30 kuti azolowere mdima, ndipo kungoyang'ana foni yowala kamodzi kumabwezeretsa ntchito yonseyi pambuyo. Tsitsani kuwala kwa foni, gwiritsani tochi ya kuwala kofiira ngati muli nayo, ndipo musaunikire anzanu kumaso.

Pano m'pamene ambiri amakhumudwira chifukwa chosauzidwa zoona. Aurora yofooka siioneka yobiriwira ngati ya pa zithunzi. Imayamba ngati mzere wotuwa wopindika cha kumpoto, woti munthu angauyese mtambo, chifukwa mumdima maso athu sazindikira bwino mitundu pamene kamera imasonkhanitsa kuwala kwa masekondi angapo. Njira zosiyanitsira ndi ziwiri: nyenyezi zimaonekerabe kupyola mu aurora, ndipo mukaijambula imatuluka yobiriwira pamene mtambo umatuluka wotuwa kapena wachikasu. Mzere wotere ukhoza kukhala duu ola lathunthu, kenako n'kuwala mwadzidzidzi, kugawika, kupindika ndi kuthamanga thambo lonse, ndipo pamenepo mtundu wobiriwira ndi wa pepo zimaoneka ndi maso enieni. Kuvina kotereku kumatenga mphindi zochepa chabe, kawirikawiri pakati pa 9 koloko ndi pakati pa usiku ngakhale kuti kulibe nthawi yoikika, ndipo amene anakabisala m'galimoto amakupeza kutatha. Mukalowa kukaotha, pemphani wotsogolera kuti akuitaneni.

Mudzaona wotsogolera akuyang'anayang'ana manambala pa foni yake. Amachokera ku masetilaiti amene ali pa mtunda wa makilomita 1.5 miliyoni kulowera kudzuwa, amene amayeza tizidutswa tija tisanafike kuno, ndipo amachenjeza kutatsala mphindi 15 mpaka ola limodzi. Nambala imene amaisamala kwambiri imatchedwa Bz. Ikatsika pansi pa ziro n'kukhalitsa, mwayi wa kuwala kwamphamvu umakula. Akanena kuti mudikire pang'ono pamene inu mwatopa, nthawi zambiri amakhala ataona zimenezi.

Kujambula

Kamera iyenera kukhala pa choimikira cha miyendo itatu, chifukwa dzanja silingathe kuigwira osagwedezeka kwa masekondi angapo. Zimitsani fulashi, ikani kamera poti muziisintha nokha, tsegulani lenzi mpaka pa f/2.8 kapena pamene imathera, ikani ISO, nambala ya mmene kamera imamvera kuwala, pakati pa 1600 ndi 3200, ndipo yambani ndi masekondi 5. Aurora ikamathamanga tsitsani mpaka masekondi 1 kapena 2 kuti mizere yake isasakanikirane. Ikakhala yofooka kwezani mpaka 10. Lunjikitsani lenzi pa nyenyezi yowala mpaka ioneke ngati kadontho kakang'ono, ndipo musaikhudzenso. Zonsezi muziyesere kuhotela, chifukwa kufunafuna mabatani mumdima zala zitachita dzanzi n'kovuta. Mafoni amakono ambiri amajambula bwino ndithu mukawaika pojambulira usiku n'kuwatsamiritsa pa chinthu chokhazikika.

Kuzizira kumamaliza mabatire msanga, choncho sungani apadera m'thumba la mkati, pafupi ndi thupi. Musanalowe m'galimoto yofunda ikani kamera m'chikwama n'kutseka, kuti lenzi isachite nthunzi. Wotsogolera akamakujambulani imani osagwedezeka mpaka atanena kuti watha. Ndipo kuwala kukafika pachimake, siyani kamera kwa kanthawi muyang'ane kumwamba, chifukwa zithunzi adzakutumizirani.

Chitetezo ndi ulemu pa malo a eni

Musaime malo amodzi nthawi yaitali. Yendayendani, pondani pansi mwamphamvu, zunguzani mikono. Zala, mphuno, makutu ndi masaya zikayamba kuvulala ndi chisanu, munthu amamva kulasalasa, kenako dzanzi, ndipo khungu limasintha mtundu. Pa khungu lakuda kusinthaku kumaoneka ngati kutuwa ndipo sikudziwika msanga mumdima, kotero dalirani zimene mukumva ndipo muuzeni wotsogolera nthawi yomweyo. Fundani malowo ndi kutentha kwa thupi, monga kuika zala m'khwapa. Musawatikite ndipo musawayandikize pamoto, chifukwa khungu lochita dzanzi limapsa mwini wake osamva. Musaime pamsewu kuti mujambule, musaponde pa nyanja youndana popanda chilolezo cha wotsogolera, ndipo samalani ndi miyala yoterera ya pagombe. Pangozi, nambala ya apolisi ku Norway ndi 112, ya ambulansi ndi 113, ndipo ya ozimitsa moto ndi 110.

Lamulo la 1957 limapatsa aliyense ku Norway ufulu woyenda m'tchire ndi m'mapiri ngakhale malowo ali ndi mwini, koma ufuluwu sufika pabwalo la nyumba ya munthu. Anthu a m'midzi yozungulira Tromsø akhala akudandaula ndi alendo otseka misewu, ounikira m'mawindo ndi odzithandiza paliponse, choncho lankhulani motsitsa pafupi ndi nyumba ndipo zinyalala zonse, kuphatikizapo mapepala a kuchimbudzi, mubwerere nazo m'jumbo. Nyama za reindeer zimene mungakumane nazo ndi ziweto, zambiri za anthu a mtundu wa Sámi, amene akhala m'dera la kumpotoli kuyambira kalekale, ndipo kuzithamangitsa m'nyengo yozizira kumazithera mphamvu imene zikufunika kuti zifike chilimwe. Ndege zing'onozing'ono zojambulira, za mtundu wa drone, n'zoletsedwa pa mtunda wa makilomita 5 kuzungulira bwalo la ndege popanda chilolezo, ndipo mbali yaikulu ya mzinda wa Tromsø ili mkati mwa mtunda umenewu.

Ngati usiku woyamba simunaone kanthu

Zimachitika, ngakhale ndi wotsogolera waluso. Musanatsike m'galimoto mufunseni usiku umene akuona kuti udzakhala bwino pa masiku amene mwatsala nawo, ndipo lembetsani m'mawa mwake msanga, chifukwa maminibasi amadzaza nyengo yabwino ikangolengezedwa. Ngati ndalama sizikulola ulendo wachiwiri ndipo thambo la mumzinda layera, pali malo ofikika ndi basi kapena wapansi kumene magetsi ndi ochepa: nyanja yaing'ono ya Prestvannet pamwamba pa chilumba chimene mzindawu unamangidwapo, ndi gombe la Telegrafbukta kum'mwera kwa chilumbacho. Mukhozanso kukwera ngolo yoyenda pa chingwe ya Fjellheisen mpaka pa Storsteinen, mamita 421 pamwamba pa nyanja. Pamwambapo pamaomba mphepo yamphamvu kuposa mumzinda ndipo ngoloyo imaimitsidwa nyengo ikaipa, choncho onani kaye pa tsamba lawo ngati ikuyenda, ndiponso nthawi ya ulendo womaliza wotsika, musanakwere.